Msiyeni Pearse ayankhe mafunso pabwalo

M'chaka cha 2016, dziko la Ireland likukumbukira kuti patha zaka 100 chichitikire kuukira ulamuliro wa Britain kwa pa Isitala mu 1916, wailesi ya kanema ya TV3 idaonetsa sewero la magawo atatu lotchedwa Trial of the Century. Olemba seweroli adatenga Patrick Pearse, mphunzitsi ndi mlakatuli amene adawerenga chikalata cholengeza ufulu wa Ireland pakhomo pa positi ofesi yaikulu ya mu Dublin pa 24 Epulo 1916, n'kumuimika m'bokosi la khoti la poyera: maloya a boma uku, omuimira uko, mboni zikulumbira, anthu akumvetsera. Tom Vaughan-Lawlor ndiye adasewera ngati Pearse, ndipo pamapeto pake nkhaniyo idasiyidwa m'manja mwa anthu a masiku ano kuti akambirane ngati mkuluyu adali wolakwa. Mlandu woterewu sudachitikepo, ndipo mkangano wagona pamenepa. Ena amaona kuti kuzenga mlandu munthu amene adafera dziko lake ndi mwano. Ena amati ndi bodza lovekedwa malaya a mbiri. Enanso amaopa kuti n'kupatsa nsanja munthu amene adatamanda kukhetsa magazi. Ine ndaima poti sewero lotere n'loyenera, ndipo sindikutero pofuna kuyeretsa dzina la Pearse kapena kulidetsa. Ndikutero chifukwa ndi m'khoti la poyera mokha momwe ngwazi pamodzi ndi boma limene idaliukira amakakamizika kuyankha funso limodzi: anthu wamba amene adafa sabata imeneyo adawapha ndani, ndipo adafera chiyani?

Tisanamve otsutsa, tiyambe taona zimene zidachitikadi. Oukirawo adagwira nyumba zikuluzikulu za mu Dublin kwa masiku 6, ndipo Loweruka pa 29 Epulo Pearse adadzipereka kwa Brigadier-General William Lowe. Pa 2 Meyi adaonekera ku Richmond Barracks pamaso pa khoti la asilikali lotsogozedwa ndi Brigadier-General Charles Blackader. Zitseko zidali zotseka. Padalibe loya womuimira, padalibe mtolankhani, padalibe wachibale, ndipo oweruzawo adali akuluakulu a gulu lankhondo lomwelo limene anyamata ake amaliombera masiku atatu m'mbuyomo. M'bandakucha wa pa 3 Meyi adamuombera m'bwalo la ndende ya Kilmainham pamodzi ndi Thomas Clarke ndi Thomas MacDonagh, ali ndi zaka 36. Mawa lake adapha mng'ono wake Willie. Pofika pa 12 Meyi, tsiku limene James Connolly adaomberedwa atamangiriridwa pampando chifukwa chilonda cha pamwendo sichidamulole kuima, anthu 14 adali ataphedwa ku Kilmainham, ndi mmodzi, Thomas Kent, ku Cork. Mitembo ya a ku Kilmainham adaikwirira ku Arbour Hill popanda mabokosi, atathiramo laimu, chifukwa General John Maxwell, amene Britain idamutuma kudzazimitsa motowo, sadafune kuti manda awo asanduke malo omakapembedzerapo. Zolembedwa za milanduyi zidatsekeredwa m'makabati a boma kwa zaka makumi ambiri. Aliyense amene adakhalako pabwalo la mfumu amadziwa kusiyana kwa mlandu wokambidwa pansi pa mtengo mudzi wonse ukumva ndi mlandu wogamulidwa m'nyumba usiku. Pa woyambawo, ngakhale wogonja amabwerera kwawo akudziwa chimene chamugwetsa. Wachiwiriwo ana ndi adzukulu amautolanso, paja akulu adati mlandu suola. Choncho amene adasiya mpata woti wolemba sewero alowererepo ndi Maxwell, potseka chitseko chimene chimayenera kukhala chotsekula.

Kuti timvetse zimene Ireland adamanidwa, tiyang'ane mlandu umodzi wokha wa gululi umene udakambidwa poyera. Roger Casement, amene adapita ku Germany kukapempha zida, adazengedwa mlandu woukira mfumu ku London mu Juni 1916, pansi pa lamulo lakale la m'chaka cha 1351, ali ndi maloya ake, atolankhani akulemba. Adapezeka wolakwa ndipo adanyongedwa ku ndende ya Pentonville pa 3 Ogasiti. Khoti la poyera silidamupulumutse, ndipo sindikhulupirira kuti likadapulumutsa Pearse. Koma taonani chimene lidachita. Woimira boma pa mlanduwo adali F. E. Smith, munthu amene zaka zochepa m'mbuyomo adaima ndi Edward Carson ndi anthu a ku Ulster, chigawo cha kumpoto kwa Ireland, pomwe amawopseza kukana ndi mfuti lamulo la nyumba ya malamulo ya Britain. Casement, ataima m'bokosi, adauza khoti kuti amene adayamba kulalikira zoukira adasankha njira yowafikitsa pa mipando yaulemu, pomwe iye adatsata njira yomufikitsa m'bokosi. Mawu amenewa adalembedwa, adawerengedwa, ndipo mpaka lero munthu angathe kuwayeza yekha ngati ali ndi nzeru kapena ayi. Ndiyo ntchito ya bwalo la poyera: limasiya mafunso ndi mayankho pamalo pomwe obwera m'mbuyo angawapeze.

Mfundo yoyamba ya otsutsa ndi ya ulemu, ndipo si yopepuka. Iwo amati Pearse ndi mmodzi mwa anthu 7 amene adasayina chikalata chimene dziko la Ireland limachiona ngati chiyambi chake. Msewu waukulu ndi siteshoni ya sitima mu Dublin zili m'dzina lake. Lamulo limene akadazengedwa nalo mlandu ndi la atsamunda, ndiye kumuimikanso m'bokosi n'kuvomereza kuti Britain idali ndi ufulu womuweruza. Ndikumva kuwawa kwake. Komabe tikumbuke kuti Pearse mwiniyo adali loya, ndipo khoti sadalione ngati malo ochititsa manyazi. Mlandu wake wodziwika, wa m'chaka cha 1905, udali woimira bambo wina wa ku Donegal amene adalipitsidwa chindapusa chifukwa cholemba dzina lake pangolo m'chiyankhulo cha makolo a ku Ireland m'malo mwa Chingerezi. Adagonja, koma nkhaniyo idamveka dziko lonse, ndipo n'zimene amafuna. Ku Richmond Barracks nakonso sadabisale: adavomera kuti ndiye adali mkulu wa asilikali oukirawo komanso mtsogoleri wa boma lawo logwirizira. Munthu amene adasenza udindo wotero ndi manja awiri sitimulemekeza pomuteteza ku mafunso. Tikamuteteza ndiye kuti tikukayika ngati angayankhe.

Ndipo mafunsowo alipo, olemera ndithu. Eoin MacNeill, mkulu weniweni wa Irish Volunteers, gulu la asilikali odzipereka limene oukira ambiri adachokerako, adabisiridwa mapulani ndi kagulu kachinsinsi kamene Pearse adalimo. Atamva kuti sitima ya Aud, yonyamula mfuti 20,000 zochokera ku Germany, yagwidwa, ndiponso kuti Casement wamangidwa ku Kerry, adalengeza m'nyuzipepala ya Sunday Independent kuti asilikali onse asatuluke. Kaguluko kadangosuntha tsiku n'kupitiriza Lolemba, ndi anthu ongopitirira pang'ono 1,000, akudziwa bwino kuti kupambana kulibe. Palibe chisankho chimene chidawatuma. Aphungu ambiri a Ireland panthawiyo adali a chipani cha John Redmond, chimene chidali chitapeza kale lamulo la Home Rule mu 1914, lopatsa Ireland nyumba yake ya malamulo, ngakhale lidaimitsidwa kaye chifukwa cha nkhondo yaikulu. John Bruton, amene adakhalapo nduna yaikulu ya Ireland, adanena poyera mu 2014 kuti kuukirako kudali kosafunika ndipo njira ya Redmond ikadafikitsa dziko pa ufulu popanda maliro ambiri chotere. Mungatsutsane naye, ndipo ambiri adamutsutsa, koma simunganene kuti funsolo ndi la adani a Ireland. Pamwamba pa zonsezi pali chiwerengero: anthu pafupifupi 485 adafa sabata imeneyo, oposa theka adali anthu wamba, ndipo 40 mwa iwo adali ana. Mmodzi mwa oyamba kufa adali wapolisi James O'Brien, wopanda mfuti, pachipata cha Dublin Castle, likulu la boma la Britain mu Ireland. Pa mwambo wachikumbutso anthu amenewa amatchulidwa m'chiganizo chimodzi, lipenga n'kulira. M'khoti loya amatha kuitana mayi wa mwana mmodzi, n'kumufunsa kuti mwanayo amapita kuti pomwe chipolopolo chidamupeza.

Ireland idalawapo kale zotsatira za kusafunsa. Mu 1966, pa chikumbutso cha zaka 50, Pearse adakwezedwa pafupifupi kufika pa oyera mtima, chithunzi chake chili m'makalasi pambali pa zithunzi za tchalitchi. Wansembe wina wa chipani cha Ajezwiti, Francis Shaw, adalemba nkhani yodzudzula chiphunzitso cha Pearse chosakaniza nsembe ya Khristu ndi magazi a mtundu, koma nkhaniyo idasungidwa osasindikizidwa mpaka 1972, kumpoto kwa Ireland kutayaka kale. Itatuluka, zinthu zidapendekera mbali inayo, ndipo kwa zaka zambiri ena amangomuona Pearse ngati munthu wosokonezeka mutu wokonda imfa. Kupembedza kudabala kunyoza. Sewero la m'khoti, chifukwa cha mapangidwe ake, silingathe kuchita chimodzi chokha mwa ziwirizi, pakuti mbali iliyonse ili ndi loya wake.

Mfundo yachiwiri ndi ya aphunzitsi a mbiri, ndipo ndi yanzeru. Amati woonera TV sakhala ndi buku pamiyendo. Akamva wosewera akuyankhula mawu okoma, amawasunga ngati mawu a Pearse, ndipo pakatha zaka zingapo amalumbira kuti mlanduwo udachitikadi. Ngoziyi ilipo. Koma tisiyanitse mabodza awiri. Pali sewero limene limadzitcha nkhani yoona, n'kumasintha mwakachetechete amene adaombera, amene adathawa ndi amene adapereka anzake. Limeneli ndiye loopsa, chifukwa woonera alibe pogwira. Ndiye pali sewero limene limanena pachiyambi pomwe kuti tiyeni tiyerekeze kuti Britain idasankha khoti la poyera. Apa chopekacho ndi chimodzi, chachikulu, choonekera kwa aliyense, ndipo phindu lake lonse lagona poti woonera adziwe kuti zenizeni zidayenda mwina. Munthu amene sadamvepo za Richmond Barracks amachoka pa TV akudziwa kuti Pearse sadapatsidwe loya, chinthu chimene mwambo wa maluwa ndi malipenga sukadamuuza. Chimene ndingafune kwa olemba sewero lotere ndi chimodzi: mawu oikidwa m'kamwa mwa womwalira achokere m'zimene iye adalemba ndi kunena. Kwa Pearse zimenezi sizivuta, chifukwa adasiya mulu wa zolemba, kuyambira nkhani za m'nyuzipepala ya An Claidheamh Soluis imene adali mkonzi wake, zolemba za maphunziro za nthawi imene adatsegula sukulu ya St Enda's mu 1908, mpaka kalata imene adalembera mayi ake ali m'manja mwa asilikali. Kalatayi ili ndi mzere wowonjezera kumapeto wonena za thandizo la Germany, ndipo boma lidaugwiritsa ntchito ngati umboni womumangira. Wolemba sewero safunika kupeka zambiri pomwe zoona zake zili zokoma chotere.

Mfundo yachitatu ndiyo imandivuta kwambiri, ndipo ndikhalapo pang'ono. Imachokera kwa anthu amene adaika abale awo m'manda pa zaka 30 za chiwawa cha ku Northern Ireland, chimene chidapha anthu oposa 3,500 chisanathe ndi pangano la Good Friday mu 1998. Gulu la zida la Provisional IRA, limene limamenyana ndi ulamuliro wa Britain kumeneko, limati mphamvu zake zidachokera kwa anthu a 1916: ngati kagulu kochepa kopanda mavoti kadali ndi ufulu wonyamula mfuti m'dzina la mtundu nthawi imeneyo, bwanji ife lero? Tsono, amatero otsutsawa, mukatenga wosewera waluso, n'kumupatsa mawu a Pearse ndi kamera yoyang'ana m'maso mwake, mukubzalanso mbewu yomweyo mwa achinyamata. Amawonjeza kuti bokosi la khoti ndi guwa limene oukira a ku Ireland akhala akulikhumba kuyambira pa Robert Emmet mu 1803, amene zoyankhula zake asanaweruzidwe kuti aphedwe zidalowezedwa ndi mibadwo. Zonsezi n'zoona. Koma yankho langa ndi lakuti mawu a Pearse sadasowepo nsanja. Zimene adayankhula pamanda a O'Donovan Rossa, womenyera ufulu wakale, ku Glasnevin pa 1 Ogasiti 1915 zimabwerezedwa mpaka lero pamanda pomwepo. Pokonzekera chikumbutso cha 2016, asilikali a Ireland adapereka mbendera ndi kope la chikalata cha ufulu ku sukulu za pulaimale m'dziko lonse. M'malo onsewa Pearse amayankhula yekha, palibe womudula. Kusiyana kwa khoti n'kwakuti akamaliza kuyankhula, munthu wina amaimirira n'kunena kuti, bambo, mu Disembala 1915, anyamata akufa miyandamiyanda m'maenje a ku France, mudalemba kuti nthaka imafunika kufunditsidwa ndi vinyo wofiira wa kunkhondo. Kodi mumatanthauza chiyani? Ngakhale Connolly, mnzake wa m'kuukira komweko, adanyansidwa ndi maganizo otere panthawiyo. Wachinyamata amene wamva funso limeneli, n'kuona ngwazi ikufunafuna mawu, watetezedwa kuposa amene adangoloweza ndakatulo. Ndipo ngati kutseka pakamwa kukadakhala mankhwala, Maxwell akadapambana. Chimene chidachitika n'chakuti anthu a mu Dublin, amene ena mwa iwo adatukwana oukirawo akuwatengera kundende, adatembenuka mtima m'masabata ochepa chifukwa cha kuombera kwa m'bandakucha kumene samauzidwa chifukwa chake. John Dillon, phungu wa chipani cha Redmond, adachenjeza nyumba ya malamulo ku London pa 11 Meyi kuti boma likukokolola ndi magazi ntchito imene iwo adaigwira moyo wawo wonse.

Tisaiwalenso kuti m'khoti mafunso sapita mbali imodzi. Loya wa Pearse akadafunsa kuti ndani adalamula kuti mizinga iombe pakati pa mzinda wodzaza anthu, ndi kuti sitima yankhondo ya Helga iombere Liberty Hall, likulu la bungwe la apantchito la Connolly, kuchokera mumtsinje wa Liffey. Akadafunsa za amuna 15 a mu North King Street amene adaphedwa m'nyumba zawo ndi asilikali a South Staffordshire Regiment, popanda ndi mmodzi yemwe kulangidwa. Akadafunsa za Francis Sheehy-Skeffington, munthu wodana ndi nkhondo amene adatuluka kukaletsa anthu kuba m'masitolo, n'kuomberedwa ku Portobello Barracks molamulidwa ndi Captain Bowen-Colthurst, yemwe khoti la asilikali lidati ndi wolakwa koma wamisala. Akadafunsa chifukwa chimene anthu a Ulster adatsitsa mfuti zikwizikwi za ku Germany padoko la Larne mu Epulo 1914 popanda womangidwa. Amene amaopa kuti seweroli likweza Pearse ndi amene amaopa kuti limutsitsa akuopa chinthu chimodzi, kuti mbali imene saikonda ipatsidwa mpata woyankhula.

Mfundo yachinayi ndi yakuti khoti limafinya mbiri kuti ikwane m'mawu awiri, wolakwa kapena wosalakwa, ndiponso limaika munthu mmodzi pamalo pa gulu. Apa ndivomera zambiri. Amene adaluka kuukirako kwenikweni ndi Clarke ndi Seán Mac Diarmada. Pearse adali pakamwa pawo. Amayi a Cumann na mBan, gulu la amayi lothandiza oukirawo, ngati Elizabeth O'Farrell amene adayenda ndi mbendera yoyera pakati pa zipolopolo kukapereka uthenga wogonja, amasanduka mboni chabe m'nkhani ya mwamuna mmodzi. Komanso ngati funso lili loti kodi adaphwanya lamulo la mfumu ya Britain, yankho n'lodziwikiratu, pakuti chikalata chimene adawerenga chimatchula abwenzi olimba mtima a ku Ulaya pa nthawi imene amuna a ku Ireland zikwizikwi amamenyana ndi abwenzi omwewo atavala yunifolomu ya Britain. Koma ndi pomwepa pomwe anthu opatsidwa ntchito yogamula amatulukira thukuta. Asananene kuti wolakwa, ayenera kugwirizana kaye kuti lamulo lake ndi la yani, ndipo lidadza bwanji m'dzikomo. Ayenera kuganiza ngati mavoti a mu Disembala 1918, pomwe Sinn Féin, chipani chofuna ufulu wathunthu wa Ireland, idatenga mipando 73 mwa 105 ya Ireland, angathe kubwerera m'mbuyo kukavomereza chinthu chimene anthu sadafunsidwe chisanachitike. Ine ndimati sangathe kuukitsa akufa, koma sangathenso kuponyedwa kunja ngati kuti mtundu sudayankhule. Wina anena mosiyana, ndipo kukangana kumeneko pabalaza sewero litatha ndiye phindu lake, kuposa chigamulo chilichonse chimene chingawerengedwe pa kanema. Kwa ife a ku Malawi funsoli si lachilendo. Miyezi 15 Pearse asanatuluke, mu Januwale 1915, pansi pa ufumu womwewo ndi m'nkhondo yaikulu yomweyo, John Chilembwe adaukira ku Chiradzulu, ndipo adaomberedwa pa 3 Febuluwale osaonako khoti, otsatira ake ambiri n'kuphedwa pambuyo pa milandu yothamangitsa. Nafenso timamuika pa ndalama ndi kumukumbukira pa 15 Januwale, koma sitidamvepo akufunsidwa ndi kuyankha za usiku wa ku Magomero.

Ngati pali chimene ndingadandaule nacho, n'chakuti opanga masewero amathamangira kuika m'bokosi munthu amene adalangidwa kale, n'kusiya amene sadafunsidwepo kanthu. Maxwell adatsimikiza yekha zilango za imfa, adasankha amene aphedwe ndi amene akhululukidwe, monga Éamon de Valera ndi Constance Markievicz, ndipo adamanga anthu oposa 3,000, ambiri a iwo osakhudzidwa n'komwe, ena n'kuwatumiza ku msasa wa Frongoch ku Wales komwe Michael Collins, mmodzi mwa oukirawo, adakapezako ophunzira a nkhondo yotsatira. Chaka chisanathe adamusamutsira ku York kukalamulira asilikali a kumpoto kwa England, nkhani n'kuthera pomwepo. Ameneyu nayenso amuitane pa kanema, amupatse loya wabwino woti afotokoze kuti dziko lidali pankhondo, kuti asilikali ake oposa 100 adali atafa m'misewu ya Dublin, ndi kuti London idamupatsa mphamvu zonse n'kumusiya yekha. Akatha kufotokoza, loya wa mabanja a mu North King Street aimirire amufunse.